Mutu 5: Chigubu cha ku Nazale

1. Mafirizesi a tiyi

Chaka chimenecho mvula inachedwa. Novembala anafika pa Msundwe dzuwa likuswa mtengo, ndipo phula la mumsewu wa ku Mchinji linkanyezimira ngati wina walithira madzi. Agalu ankagona pansi pa ngolo, malilime ali panja. Aliyense amene anali ndi firiji yogwira ntchito ankayenda ngati bwana.

Mayi Florence anali ndi firiji yotero m'kagolosale kawo kuseri kwa msika. Ankagulitsa mafirizesi, timajumbo ta zakumwa zoundana tomwe ana amaluma pakona n'kumayamwa pang'onopang'ono. Ena pa msikapo ankagulitsa a malambe, ena a madzi ndi utoto chabe. Koma a mayi Florence anali a tiyi ndi mango, ndipo ankatha dzuwa lisanafike pamutu.

Anthu akafunsa chinsinsi chake, mayiwo ankangoseka. "Ndi manja, amayi, manja," ankatero. Sankanena kuti manjawo anali a Anesi.

Anesi Namakhwa anali mtsikana wa Folomu 2 pa sekondale yoyendera. Makolo ake anachokera ku Thyolo kudzakhala matenanti pa esiteti ina ya fodya, kutali kumpoto kwa Namitete, komwe kunalibe sekondale. Kuti aphunzire, ankakhala kwa mayi Florence, omwe sanali abale ake. Pangano linali lakuti iye azigwira ntchito za pakhomo akaweruka, iwo azimupatsa pogona ndi chakudya. Popanda nyumba imeneyo, sukulu yake ikanathera pomwepo.

Kapangidwe ka chakumwacho anakaphunzira kwa amayi ake, omwe anakula akuthyola tiyi. Ankawiritsa madzi mumphika waukulu, n'kuponyamo masamba a tiyi ndi udzu wa mandimu. Sankausiya nthawi yaitali pamoto, chifukwa tiyi wopitirira amawawa akazizira. Kenaka ankasefa, n'kusungunula shuga tiyiyo akadali wotentha. Mango ankasankha aang'ono a ulusi aja, okupsa kwambiri, omwe anthu amawadutsa pa msika. Ankawasenda n'kuwafinyira pa sefa mpaka kutsala njere zoyera. Ndimu linkalowa pomaliza. Zonse zikazizira, ankathira m'timajumbo, kumanga mfundo, n'kuyala m'firiji.

2. Mawu a bambo

Tsiku limene bambo ake, a Adamson, anadzamutula kwa mayi Florence, anamutengera pambali asanakwere njinga yawo.

"Mwananga," anatero, "kuno n'kwa eni. Akulu anati kwa eni kudyetsa nthanga dzungu ukulifuna. Akakutuma, thamanga. Akakukalipira, yang'ana pansi. Akakunena kuti ndiwe mwana wa tenanti, vomera, chifukwa ndiwedi mwana wa tenanti, ndipo utenanti si kuba. Ine ndayenda makomo ambiri pa Msundwe pano kukupemphera malo. Ena anandiseka, ena sanandipatse ngakhale mpando. Mayi awa okha ndi amene anavomera. Ukatuluka m'nyumba muno, ine ndilibe khomo lina logogoda. Udzabwerera ku esiteti kukasoka fodya ngati amako, ndipo ukudziwa wekha kuti atsikana a kumene kuja satha mvula ziwiri asanakwatiwe. Kodi wamva?"

"Ndamva, ababa."

Anamvadi. Chaka chonse anatunga madzi, anachapa, anakolopa, osayankha. Mwana wa mayi Florence, Jacqueline, anali naye m'kalasi imodzi, koma kusukulu ankamudutsa ngati samudziwa. Kunyumba ankamusiyira mbale zonse. Anesi ankangoyang'ana pansi monga anauzidwira.

3. Lachisanu masana

Loweruka kunali mpira wa masukulu a pulayimale pa bwalo lapafupi. Ana a m'midzi yonse yozungulira ankayembekezeka kubwera, ndipo mayi Florence anafuna kudzaza firiji mpaka pakamwa. Anesi anawiritsa tiyi wambiri Lachisanu m'mawa asanapite kusukulu. Ndowa ya masiku onse inachepa, ndiye mayiwo anati, "Pita, ine ndiona pothira."

Atabwerako masana, anapeza pakhonde pali chigubu chachikulu choyera, chodulidwa kukamwa. Tiyi yense anali mmenemo, shuga atathiridwa kale. Pambali panali dengu la mango likumudikira.

Anavula yunifolomu, anasamba m'manja, n'kuwerama kuti atakase. Fungo linamumenya m'mphuno. Pansi pa kafungo ka udzu wa mandimu panali lina lakuthwa, lokanda kukhosi, lomwe ankalidziwa kuyambira ali mwana. Pamwamba pa tiyiyo pankayandama kamafuta konyezimira. Anatembenuza chigubucho. Pepala lake linali litapalidwa ndi mpeni, koma kunsi kunatsala mzere wofiira ndi theka la chithunzi cha chibade.

"Amayi, kodi chigubu ichi chachokera kuti?"

Mayi Florence anali pa mpando akusankha mtedza. "Ndagula kwa bambo wina amayenda nazo pa njinga. Bwanji, wachisirira?"

"N'cha mankhwala a fodya ichi, amayi. Aja amapopera ku nazale."

"Ndiye ukuyesa ine ndine wakhungu? Ndadziwa. Ndachitsuka ndi phulusa, ndachikwecha ndi mchenga, sopo wapitamonso. Theka la Msundwe likumwa madzi a m'zigubu zomwezi. Wamva maliro angati?"

Jacqueline anali pakhomo akupesa tsitsi. "Amayi, mverani adokotala," anatero. "Adokotala a ku chigafa. Jekeseni wawo ndi singano yosokera fodya."

Mayi ake anaseka mpaka mtedza kutayika m'lichero.

4. Mawu ena a bambo

Anesi sanaseke, chifukwa bambo ake omwewo anamuuzanso mawu ena kalekale.

Anali akadali ku pulayimale pamene tsiku lina anatola chigubu chopanda kanthu m'mbali mwa mabedi a fodya kuti akatungire madzi. A Adamson, munthu wosakuwa ngakhale mbuzi zitalowa m'munda, anakuwa mpaka matenanti onse anaimika ntchito. Anamulanda chigubucho, anachiboola ndi khasu pamaso pake, kenaka anakhala naye pansi.

"Tamvera bwino, Anesi. Chigubu cha mankhwala sichitsukika. Utsuke ndi phulusa, utsuke ndi sopo, uchiyanike mwezi wathunthu, mankhwala aja analowa m'thupi la chigubu. Amangodikira. Ukathiramo chotentha, amadzuka. Unamuona Noel, mwana wa a Andrea? Anabadwa bwinobwino ngati iwe. Mayi ake anasungira thobwa m'chigubu chotere, chotsuka bwino, choyera mbee. Akuluakulu anamwa, anangomva mutu. Mwanayo tinathamanga naye ku chipatala thovu lili kukamwa. Anachira, koma mpaka lero sagwira kapu osataya. Mankhwala amenewa anawapangira tizilombo, ndipo sadziwa kusiyanitsa mbozi ndi mwana. Ukachiona chigubu chotere, chiboole. Mwini wake akakwiya, akwiye ali moyo."

Tsopano mawu awiri a bambo mmodzi anakumana pakhonde la mayi Florence, ndipo sankagwirizana.

Anesi anagwada. "Amayi, chonde. Ndiwiritsa tiyi wina pompano. Ndikabwereka ndowa kwa mayi Regina oyandikana nafowa. Firiji idzaza lero lomwe, ndikulonjeza."

Mayi Florence anaika lichero pansi.

"Iwe Anesi, khala bwino undimve. Shuga amene ali mmenemo ndinamuimira pamzere dzuwa likundiwotcha pamutu, iwe uli m'kalasi pa mthunzi. Wina ndilibe. Magetsi ayaka lero, mawa sitikudziwa. Bambo a nyumba ino anapita ku Joni, foni yawo inasiya kulira. Firiji iyi ndiye bambo wa pakhomo pano, ndipo iwenso ukudya kwa bambo ameneyu. Makomo onse atakukana, ndani anakutsegulira? Ine. Anthu anandichenjeza kuti ana a matenanti ukawapatsa mkeka amafuna bedi, ine sindinamve. Lero mwana amene anabwera ndi kachikwama kong'ambika akundiphunzitsa ukhondo m'nyumba mwanga, eti? Mwana wanzeru akakhala kwa eni amatseka pakamwa n'kutsegula manja. Finyiramo mandimu ambiri, fungolo lithawa. Ana sanunkhiza mafirizesi, amayamwa."

M'mawu amenewa munali zoona zina. Mayi Florence ankavutikadi, ndipo anamutseguliradi. Koma munthu akhoza kunena zoona zambiri pofuna kubisa choipa chimodzi.

"Zangovuta n'zakuti akufuna atchuke," anatero Jacqueline. Anatenga kapu pa zenera, anaimiza m'chigubu muja, n'kuikweza. "Taona, adokotala. Ndimwe ndife, ukandiimbire nyimbo."

Kapu isanafike pamilomo, mayi Florence anali atadumpha pampando. Anaimenya ndi dzanja, ndipo inagubuduka mpaka kunsi kwa khonde.

"Usamwe zimenezo iwe!"

Jacqueline anayang'ana mayi ake, tiyi akudontha pa siketi yake.

"Iwe uli ndi m'mimba movuta," anatero mayiwo, mawu atatsika. "Ukudziwa wekha."

Anesi anadzuka pomwe anagwada paja. Kwa chaka chathunthu anali asanawayang'anepo m'maso, koma apa anawayang'ana.

"Nanga ana a mawa aja, amayi, m'mimba mwawo n'mwachitsulo?"

"Aja amwa kajumbo kamodzi, n'kupita kwawo. Ine ndikupita kukagula majumbo. Ndikabwera ndipeze mango alowa, zonse zatakasidwa. Ndikapeza zosiyana ndi zimenezo, uyambe kulongedza."

Anamanga chitenje, n'kutuluka.

5. Dzenje la kuseri

Anesi anakhala pafupi ndi dengu la mango, mpeni uli m'manja. Anasenda bango limodzi. Kuchokera ku bwalo kunkamveka phokoso la ana omwe aphunzitsi anawatuma kukalemba mizere ya mpira ndi phulusa.

"Ungopanga," anatero Jacqueline, tsopano mosaseka. "Akuthamangitsadi. Amayi sanena kawiri."

"Iweyo ukanamwa?"

"Ine sindikudziwa za zimenezo. Ungopanga basi, si iwe wagula chigubu."

Anesi anaika mpeni pansi. Anagwira chigubu chija ndi manja onse awiri n'kuyamba kuchikoka. Chinali cholemera, ndipo tiyi ankakhavukira pa mapazi ake. Anachitsitsa pakhonde, anadutsa nacho pa chingwe choyanikira zovala, mpaka ku dzenje la zinyalala kuseri kwa bafa, kutali ndi chitsime. Anapirikitsa nkhuku, n'kupendeketsa chigubucho.

Tiyi yense analowa m'dzenje, pamodzi ndi shuga wa pamzere uja. Anafotsera ndi dothi. Kenaka anakweza khasu lomwelo n'kuboola chigubu kunsi, n'kuchiboolanso m'mbali.

Jacqueline anali atathamanga kale kumsika, akukuwa, "Amayi! Amayi! Wataya!"

6. Mlandu wa pabwalo

Mayi Florence sanabwere okha. Mkuwo wawo unakoka amayi a tomato, akabaza, ndi atelala a pakhonde loyandikana. Mayi Florence atafika kuseri, anaona dothi lonyowa ndi chigubu chobooka, ndipo anagwira m'chiuno.

"Bwerani mudzaone, anthuni! Bwerani mudzaone malipiro a chifundo! Ndamudyetsa, ndamugoneka, lero wanditayira katundu chifukwa cha nsanje. Akufuna bizinesi yanga igwe kuti akayambe yake!"

"Si choncho," anatero Anesi. "Tiyiyo anali m'chigubu cha mankhwala a fodya. Ankanunkha. Mwana wawo amuletsa kumwa, koma amati tikagulitse kwa ana a sukulu."

"Bodza! Jacqueline, kodi ndakuletsa chiyani ine?"

Jacqueline anayang'ana zala za kumapazi kwake.

Wakabaza wina anatola chigubucho n'kuchizunguza. "Aaa, chigubu chabwinobwino ichi mwachiwononga. Kwathu tili nazo zotere, timasungira madzi akumwa. Ine ndafa?"

Anthu anaseka.

"Ana a masiku ano akangolowa Folomu amayesa ndi a zaumoyo," anatero mayi wina wa tomato. "Ukatsuka ndi phulusa, basi chayera."

Pafupifupi aliyense amene anaima pamenepo anali ndi chigubu chotero kunyumba kwake. Kuvomereza kuti mtsikanayo walondola kukanakhala kuvomereza kuti iwonso akumwetsa ana awo zoipa. Kunali kosavuta kumuseka.

Mayi Regina okha, telala wachikulire wa nyumba yoyandikana, ndi amene ananunkhiza chigubucho n'kukwinya nkhope.

"Make Jacqueline," anatero, "fungo lilipo, tisanamizane. Mwana wa mnzako ndi wako yemwe. Aja abwere mawa ali ndi amayi awo, owabereka ndi ululu ngati ife tomwe. Mmodzi akanagwa pa bwalo paja jumbo lili m'manja, anthu omwe akusekawa ndi amene akanabwera ndi miyala pakhomo pano. Mtsikanayu wakutayirani shuga, inde, zimenezo n'zopweteka. Koma muganize bwino musanamutulutse."

"Ngati mwamukonda, mutengeni inuyo."

Mayi Regina anacheukira kunyumba kwawo. Chipinda chawo chinali chimodzi, ndipo ankagonamo ndi adzukulu ndi makina osokera. Anabwerera pakhonde lawo.

Mayi Florence analowa m'nyumba. Choyamba kutuluka pakhomo chinali chikwama. Kenaka yunifolomu, kenaka bulangete. Makope anabwera pomaliza, akuuluka limodzi limodzi n'kugwera m'fumbi.

"Pita kwanu ukasoke fodya. Kumeneko ndiye kuli zigubu zoti uziboola."

Anesi anatola makope ake, anawakuntha fumbi, n'kuwalongedza. Sanalire ndipo sanapepese. Anthu anayamba kubalalika, aliyense kubwerera ku malonda ake, ngati palibe chachitika.

7. Mlendo wa pa njinga

Anatuluka mumpanda chikwama chili paphewa, bulangete lili kukhwapa. Dzuwa linali litapendeka koma nthaka inkawotchabe. Kumanja kunali njira ya kusukulu. Kumanzere kunali msewu wa ku Namitete, ndi kuseri kwake njira yaitali yafumbi ya ku esiteti. Anaima pakati, osadziwa koloza phazi.

Pamenepo belu la njinga linalira.

A Adamson ankabwera akukankha njinga yawo, atavala jekete lawo la kutchalitchi ngakhale kunkatentha chotero. Akapitawo a ku esiteti anawatuma pa Msundwe kudzagula zitsulo za ngolo, ndipo iwo anaona kuti ndi mwayi wodzathokoza. Pakaliyala panali tambala wamkulu wofiira, miyendo yomangidwa ndi luzi. Anali tambala yekhayo amene banjalo linali naye.

Sanamuone mwana wawo poyamba, chifukwa anaima kuseri kwa mpanda. Anaona mayi Florence pakhonde. Anaimika njinga, anavula chipewa, anamasula tambala uja n'kumunyamula ndi manja awiri, nkhope yonse ikumwetulira.

"Odi, amayi! Tabwera ndi kankhuku. Ife tilibe mawu okwanira pa zimene mukumuchitira mwana wathu."

Mayi Florence sanatambasule manja. Anangoloza ndi chibwano.

A Adamson anacheuka. Anaona yunifolomu ikulendewera pa chikwama, anaona bulangete, anaona fumbi pa makope. Kumwetulira kuja kunatsala pang'ono pankhope, ngati kwaiwala njira yochokera.

"Anesi," anatero motsitsa, tambala akupalapata m'manja mwawo. "Kodi chikwamacho chikupita kuti?"